Kuyang'aniridwa kumatani m'maganizo mwa munthu

Teremu ino m'phunziro la saikoloje takhala tikukambirana zimene zimamuchitikira munthu akamadziwa kuti pali maso omuyang'ana usana ndi usiku. Tinayambira pa ndende imene Jeremy Bentham, katswiri wa maganizo wa ku England, anafotokoza mu 1791: zipinda za akaidi zili mozungulira, nsanja ya mlonda ili pakati, ndipo mkaidi sangaone ngati mlondayo alimo kapena wapita kokagona. Mu 1975 Michel Foucault, katswiri wa maganizo wa ku France, anati mkaidi wotere mapeto ake amayamba kudzilondera yekha.

Kwathu kuno ku Kasungu, kwawo kwa Kamuzu Banda, akuluakulu amazidziwa izi popanda buku. Nthawi ya chipani chimodzi kunali apayoniya, ayufi ofunsa khadi pakhomo la msika, ndi akapirikoni amene sunkawadziwa. Ankatha kukhala mnzako wakumowa, ngakhale mlamu wako. Makalata ankatsegulidwa. Chimene chandikhudza n'chakuti mantha aja sanathe ndi referendamu ya 1993. Mpaka lero pali agogo amene nkhani ikafika pa ndale amayamba ayang'ana uku ndi uku, n'kutsitsa mawu, ali pakhonde pawo pomwe. Pamenepa m'pamene ndaona kukula kwa bala: munthu amasiya kukhulupirira anansi ake, amasefa mawu asanatuluke, kenako mafunso ena amaleka n'kuwaganiza komwe. Ku East Germany, m'madera amene akazitape a Stasi, apolisi achinsinsi a boma, anali ochuluka, ofufuza anapeza kuti anthu ankakhulupirirana pang'ono ngakhale boma lija litagwa kalekale.

Masiku ano mlonda tikuyenda naye m'thumba. Kuyambira 2018 simu khadi iliyonse imalembetsedwa m'dzina la mwini wake. Edward Snowden, yemwe ankagwira ntchito m'mabungwe a ukazitape a ku America, ataulula mu 2013 kuti boma la America limasonkhanitsa mauthenga a anthu, wofufuza wina dzina lake Jon Penney anapeza kuti owerenga nkhani zokhudza uchigawenga pa Wikipedia anachepa, chonsecho kuwerenga si mlandu.

Anzanga ena m'kalasi amati wopanda chobisa saopa. Ine ndikukana. Mtsikana wofufuza pafoni za matenda amene akumudetsa nkhawa sanalakwire aliyense, koma akadziwa kuti chibwenzi chake chimasanthula foniyo madzulo aliwonse, sadzafufuzanso, ndipo kuchipatala adzapita mochedwa. Gawo 21 la Malamulo Oyendetsera Dziko limateteza makalata ndi mauthenga athu, koma kusanthulana mafoni m'nyumba ambiri timakutchabe chikondi, ndipo wodandaula timamufunsa kuti akubisa chiyani.