Timafayilo tobisika tomwe tikutidyetsa pa Ntcheu

Shopu yathu ndi kachipinda kamodzi pa boma la Ntcheu, kuseri kwa magolosale oyang'ana msewu wa M1. Tinaitsegula ine ndi mlongo wanga, mpamba wake unachokera ku mbatata ya kachewere yomwe makolo athu amalima ku Tsangano. Tinagula kompyuta yogwirapo kale ntchito, printa ya zithunzi ndi kamera. Maganizo athu anali pa zithunzi za pasipoti, makhadi a chinkhoswe ndi ukwati, komanso mapologalamu a maliro. Zimenezi timachitabe mpaka lero, koma ndalama yolipirira lendi masiku ano ikuchokera kwambiri ku ntchito yomwe poyamba sitinaiganizireko: kukonza makompyuta a anthu pamene timafayilo tomwe mapulogalamu amadalira tasowa kapena taonongeka.

Anayambitsa ndi mphunzitsi wina wa ku Lizulu, amene anabwera ndi laputopu m'chikwama. "Achimwene, makina angawa afa. Ndikati nditsegule pulogalamu yokonzera zithunzi za ana, akungondiuza kuti chinachake chikusowa." Kwina anali atawauza kuti afufute zonse n'kuikamo Windows yatsopano, pomwe m'menemo munali mayeso, malikisi a ana ndi zithunzi za banja lawo. Titayang'ana uthengawo, chosowacho chinali kafayilo kotchedwa vcruntime140.dll. Tinaikamo Visual C++ Redistributable ya Microsoft, yomwe imabwera ndi kafayiloko, pulogalamu ija n'kutseguka. Palibe chomwe chinafufutidwa. Aphunzitsiwo anakauza anzawo, anzawonso anauza ena.

Anthu ambiri amaganiza kuti pulogalamu iliyonse imadzichitira yokha zonse. Sizili choncho. Pulogalamu ikafuna kutsegula chithunzi, kuchichepetsa kapena kuchisunga, nthawi zambiri imapempha kafayilo kena komwe kanalembedwa kale kuti kazigwira ntchito imeneyo. Timafayiloti timatchedwa malaibulale; pa Windows mayina ake amathera ndi .dll, pa Linux (mnzake wa Windows woyendetsa kompyuta) ndi .so. Makasitomala timawauza kuti zili ngati mjigo wa pamudzi: nyumba zambiri zimatunga pamodzi, ndipo ukawonongeka ndi mudzi wonse umene umagona ndi ludzu. N'chifukwa chake kafayilo kamodzi kakaonongeka, mapulogalamu atatu kapena anayi amatha kukanira limodzi tsiku lomwelo.

Chimene chimandikhudza mtima n'chakuti tambiri mwa timafayiloti tinalembedwa kalekale ndi anthu omwe anatipereka kwaulere. Gulu la Independent JPEG Group linatulutsa libjpeg, yowerenga ndi kusunga zithunzi za JPEG, mu 1991. Jean-loup Gailly ndi Mark Adler anatulutsa zlib mu 1995, ndipo zithunzi za PNG zimadalira iyoyo kuti zichepe popanda kutaya kanthu. Microsoft nayo inabweretsa gdiplus.dll, yothandiza kuonetsa zithunzi, pamodzi ndi Windows XP mu 2001. Chithunzi cha gogo wa ku Bilira chikamatuluka mu printa yathu, chimakhala chadutsa m'ntchito ya anthu amenewa, omwe mwina dzina loti Ntcheu sanalimvepo.

Mavuto amene timakumana nawo kwambiri amabwera ndi mafoni. Wachibale wa ku Joni akatumiza zithunzi za pa iPhone osazisintha, zimafika zili za HEIC, mtundu umene Apple inayamba kugwiritsa ntchito mu 2017. Kompyuta yakale imangoonetsa kabokosi kopanda kanthu. Mayi wina analira misozi m'shopu muno poganiza kuti zithunzi za ukwati wa mwana wake zawonongeka. Mlongo wanga anamukhazika pampando n'kumuuza kuti, "Amayi, musadandaule, zithunzi zili bwinobwino. Makinawa ndi amene sakuzidziwa." Tinazisandutsa JPEG, mayi uja anapita kwawo ndi envulopu yodzaza. Zotengedwa pa intaneti nazo zambiri zimakhala za WebP, mtundu womwe Google inatulutsa mu 2010, ndipo mapulogalamu akale ambiri saulandira.

Pali chinthu chimodzi chomwe m'shopu mwathu timakaniratu, ngakhale kasitomala atathamanga bwanji. Sititenga kafayilo ka .dll kamodzikamodzi pa masamba a intaneti omwe amalonjeza kuti ali ndi fayilo iliyonse yosowa. Achinyamata ambiri amatero: amalemba dzina la fayilo, kuitenga, kuiponya mu System32, foda yomwe Windows imasungamo mafayilo ake. Nthawi zina zimaoneka ngati zatheka. Koma kafayilo kameneka ndi pulogalamu yomwe imagwira ntchito ndi mphamvu zonse za pulogalamu imene yakaitana, ndiye kakakhala ndi vairasi, mwaitsegulira nokha chitseko. Ngakhale kakhale kabwino, katha kukhala ka mtundu wolakwika. Pa Windows ya 64-bit, System32 imasunga mafayilo a 64-bit, pomwe a 32-bit amakhala mu SysWOW64, ndipo munthu wongotsatira mayina amasokonezeka. Ife timaikanso pulogalamu yonse kuchokera kwa eni ake, kapena timalamula Windows kuti idzifufuze yokha ndi sfc /scannow. Zimatenga nthawi, ena amanyinyirika, koma makinawo sabweranso mawa lake ali ndi matenda atsopano.

Nkhani yosintha mapulogalamu kuti akhale atsopano ndi yovuta kuno, chifukwa bandulo ndi yodula ndipo anthu amatseka dala zimenezi kuti asunge ndalama. Ndimawamvetsa. Komabe mu Seputembala 2023 munapezeka vuto lalikulu mu libwebp, laibulale yotsegula zithunzi za WebP, moti chithunzi chokonzedwa mwachinyengo chikanatha kulowetsa zoipa m'makina. Chrome, Firefox ndi mapulogalamu ena ambiri anayenera kukonzedwa, chifukwa iliyonse inali ndi kope lakelake la laibulale imeneyi. Kukonza imodzi sikunali kukonza zonse. Kuyambira pamenepo timasunga mapulogalamu atsopano pa fulashi yathu, yomwe sitibwereketsa kwa munthu, ndipo aliyense wobwera ndi makina timamuikira popanda kumulipiritsa padera.

Sikuti zonse zikuyenda myaa. Magetsi akazima pakati pa ntchito yoika pulogalamu, mafayilo amatsala osamalizika, ndiye tinakakamizika kugula batire ndi invata tisanagule kamera yachiwiri yomwe tinkaifuna. Inki timakagula ku Lilongwe, mtengo wake sukhazikika. Nyengo ya dzinja maukwati amachepa, anthu ndalama zili ku feteleza.

Panopa chomwe chikutidetsa nkhawa ndi makina akale. Microsoft inasiya kusamalira Windows 7 mu Januwale 2020, ndipo Windows 10 tsiku lake linali 14 Okotobala 2025. Makompyuta ambiri a makasitomala athu sangathe kunyamula Windows 11. Tayamba kuyesa Linux Mint m'malo mwa Windows, ndi GIMP yokonzera zithunzi, pa kompyuta imodzi ya m'shopu, ndipo mtsikana amene tikumuphunzitsa ntchito ndi amene akukonzerapo makhadi a chinkhoswe. Printa yathu ikagwirizana nazo bwino mpaka nyengo yokolola, tidzayamba kuikira aphunzitsi amene angafune.