Pa Chitakale tinasowa pokhazika azakhali

Ulendo uwu wa ku Mulanje sunali wokwera phiri ayi. Ndinkaperekeza azakhali anga kwa mwana wawo amene anakwatiwa cha ku Likhubula, poti miyendo yawo yayamba kuvuta, mawondo amatupa akangoima kanthawi, ndiye abale anati asapite okha. Tinakwera minibasi ku Limbe yodzera ku Thyolo, K7,000 munthu mmodzi, koma mtengo umenewu musaudalire chifukwa mafuta akangosowa makondakitala amatchula zimene afuna. Yodzera msewu wa Midima ndiyo imafulumira, kungoti azakhali ankafuna kabichi ndi tomato wa pa Bvumbwe woti akapatse mwana wawo, ndiye ndinangowamvera. Kuchoka apo ndi tiyi yekhayekha uku ndi uku, Thyolo boma, Luchenza, ine ndinagonako pang'ono, podzidzimuka phiri lili pamaso pathu theka litabisika m'mitambo.

Tinatsika pa Chitakale pamene pamapatukira msewu wa ku Likhubula ndi Phalombe. Mkamwini wawo anati atipeza pomwepo ndi galimoto, koma nditamuimbira anati ali kumaliro, mwambo sunathe, tidikire. Kabaza wa njinga yamoto analipo wambiri koma azakhali sangakwere ndi mawondo amenewo. Ndiye chiperoni chinayamba, ka mvula kowaza kaja kozizira kolowa mpaka m'mafupa, anthu a kuno anakazolowera mwezi wa June koma ife tinachoka ku Limbe dzuwa likuwala.

Ndinati tipeze pokhala. Abale, ndinazungulira ndi chikwama kumsana, jumbo ya kabichi kumanja, azakhali akunditsatira pang'onopang'ono. Shopu yoyamba inali ndi khonde labwino, pansi pa windo pali kakhoma kotakata koti munthu nkukhalapo bwinobwino, koma anawotchererapo zitsulo zosongoka kuyambira uku mpaka uko. Ina pa sitepe anathirapo oyilo wakuda wa galimoto, dala, chifukwa anachita kumupaka mwa mzere. Ina analemba ndi penti kuti OSAKHALA PANO. Chimene chinandipweteka kwambiri ndi kampanda kena kakafupi kofika m'chiuno, pamwamba pake anamatapo mabotolo osweka. Mpanda wofika m'chiuno wakuba amangoulumpha, ndiye magalasi amenewo sanaikire wakuba, anaikira munthu wotopa amene angafune kutsamirapo.

Azakhali atalephera anangokhala pa sitepe ya nyumba ina yamaofesi. Sipanathe nthawi mlonda anafika, bambo wachikulire ndithu, anavula ndi chipewa chomwe. "Pepani amayi, pano abwana anakaniza. Akakuonani pa windopo ine ntchito yatha." Ndinamufotokozera za miyendo, anayang'ana mawondo awo, anayang'ana windo, nkunena kuti "Achimwene ndikumva, koma ndili ndi ana." Sindinamukwiyire bambo uja, ankaoneka kuti manyazi amugwira kuposa ife. Azakhali anadzuka movutikira atagwira phewa langa.

Tsidya lina la msewu kunali mayi wogulitsa nanazi pansi pa pepala la pulasitiki limene anamangirira ku mitengo iwiri. Anationa zonsezi, ndiye anakuwa, "Mwanawe bwera nawo kuno agogowo!" Tinawoloka. Anakhuthula nanazi zimene zinali m'kreti nkuziunjika pansi, kreti anaitembenuza, anavula chitenje chake chapamwamba nkuchipinda kanayi kuika pa kreti paja kuti pasawawe, azakhali nkukhala. Kenako anatenga chidebe chopanda kanthu nkuwauza kuti asanjike mwendo wotupawo. Iye mwini theka la thupi linali pamvula chifukwa pepala linali laling'ono. Anasenda nanazi imodzi, mwaluso lija amachitira a ku Mulanje mpeni ukuzungulira osataya mnofu, anaidula nkutipatsa, nditatulutsa ndalama anakana, "Iyi ndi ya agogo, mukafuna zopita nazo ndiye mugule." Anayamba kucheza ndi azakhali ngati anadziwana kale, za maliro amene mkamwini anapitako iye ankawadziwa, za namondwe Freddy wa mu March 2023 mmene madzi ndi miyala zinatsikira m'phiri usiku anthu akugona, za mtengo wa feteleza. Makasitomala akabwera ankagulitsa akucheza. Tinakhala pamenepo mpaka mvula inakata.

Ndi iye amene anandiuza chiyambi cha zitsulo zija. Akuti eni mashopu anatopa ndi anyamata oitanira minibasi, amakhala pakhonde tsiku lonse akumwa, kutukwana, usiku nkukodza pomwepo, komanso mavenda amayala katundu mpaka kutseka khomo. Zimenezo nzoona ndipo ine ndikanakhala ndi shopu zikanandinyansanso. Koma taonani amene akulangika. Mnyamata woitanira ali ndi mphamvu zake, amangosuntha nkukakhala pa njinga ya mnzake. Otsala ndi agogo, mayi woyembekezera amene akuchokera kusikelo, munthu amene wangotuluka m'chipatala akudikira galimoto ya kwawo. Amenewa ndiye amaima, kapena kukhala m'mphepete mwa ngalande. Ukafuna mpando uyenera kulowa mu lesitilanti nkugula fanta, ndiye kupuma kwasanduka chinthu chogula, ndipo amene amatopa kwambiri ndi amene alibe ya fantayo.

Nkhaniyi si ya kuno kokha, ndinaiwerengapo pa intaneti. Ku London mu 2014 anthu anakwiya kwambiri ataona zitsulo zosongoka zimene zinaikidwa pakhomo la nyumba ina yogona anthu olemera kuti osowa pokhala asagonepo, mpaka zinachotsedwa. Kumeneko kulinso mabenchi opangidwa mopendekeka kapena oika chitsulo pakati kuti ukhale pang'ono koma usagone. Ku São Paulo ku Brazil akuluakulu a mzinda anamata miyala pansi pa mlatho, wansembe wina dzina lake Júlio Lancellotti anapita ndi hamala mu 2021 nkuyamba kuiswa yekha, ndipo mu 2022 dzikolo linakhazikitsa lamulo lotchedwa dzina lake loletsa mamangidwe otere m'malo a anthu onse. Kusiyana kwake nkwakuti kunja kuja benchi ilipo koma anaipanga yankhanza, kwathu kuno benchiyo sanaiganizireko nkomwe, siteji ndi fumbi kapena matope basi, ndiye kakhonde kamene kakanathandiza nako akukatchinga.

Ndipo ku Mulanje ndi Thyolo zimawawa mwapadera chifukwa malo ndi ochepa kale. Tiyi anayamba kudzalidwa kuno m'zaka za m'ma 1890 ndipo mpaka lero minda yabwino yambiri ili m'manja mwa maesiteti, anthu apanikizana m'midzi. Ukamadutsa pa minibasi umaona kobiriwira kokongola mpaka kutali, koma si malo oti ungatsike nkuyala chitenje, ali ndi eni ake. Ndiye pa tauni pamene pakanakhala pa tonse napo ayi. Pamwamba pa phiri pali tinyumba togonamo alendo, Chambe, Lichenya, Thuchila, Chisepo pafupi ndi Sapitwa paja pa mamita 3,002, mlendo amapeza khonde, moto ndi pogona. Mu 2025 bungwe la UNESCO linaika phirili pa mndandanda wa malo ofunika pa dziko lonse, ndipo ndikukondwera nazo. Koma ngati tinatha kuganizira munthu wotopa pamwamba pa phiri, tikulephera bwanji pansi pano pamene pamadutsa eni dera tsiku ndi tsiku? Benchi ya simenti ndi kadenga ka malata pa siteji si ndalama yoopsa, ndipo mavenda ndi madalaivala amadula matikiti tsiku lililonse.

Mkamwini anafika chakumadzulo, anapepesa kwambiri. Ndinagula nanazi zinayi kwa mayi uja, K1,500 imodzi zikuluzikulu, ku Blantyre simungazipeze pa mtengo umenewo ndipo kutsekemera kwake nkosiyana. Mukafika musagule za pawindo la minibasi, tsikani musankhe nokha, yakupsa imanunkhira kumunsi. Mawa lake ndinapita ku Dziwe la Nkhalamba ndi ana a pakhomopo, madzi ozizira koopsa, olondolera alendo mumawapeza pa geti la Likhubula ndipo mtengo mugwirizane musananyamuke.

Amene mukuyenda ndi achikulire njira imeneyi tengani juzi ngakhale kukuwala, chitenje chapadera, ndi ndalama zing'onozing'ono za chimbudzi chifukwa ndi cholipira, ife tinapereka K300 aliyense ndipo madzi munalibe, azakhali anachita kugwira khoma poti mulibe pogwira. Wokutengani mugwirizane naye nthawi yeniyeni musanachoke ku Limbe. Pobwerera ndinadzera Midima ndekha, nditatsika ku Limbe maso anga anali pa makonde basi, ndipo zitsulo zomwe zija zili pa mashopu ambiri kuposa ku Mulanje, ena anachita kuwonjezera ndi waya waminga.