Mfiti ya m'paipi ku Bronx

Ku Ntcheu kuzizira timakudziwa, koma Januwale wa ku New York ndi nkhani ina. Chodabwitsa, m'chipinda changa ku Bronx thukuta linali kamukamu. Chichitsulo cha pansi pa windo, chomwe amati radiator, chinkatentha ngati mbaula ya wootcha chimanga. Nditaona valavu pa paipi yake, ndinapotokola theka kuti nako kutentha kubwere theka. Nzeru za munthu wopita kusukulu.

Cha m'ma 2 koloko usiku ndinangomva gu! gu! gu! Kenako tsiii. Ndinadzambatuka, mthiko m'manja. Pakhomo panalibe munthu, phokoso linkachokera m'khoma. Ine amene ndimaseka za ufiti ndinaimbira azakhali pa WhatsApp, poti kumudzi kunali kutacha kale.

"Akutsatira mwanawe," anatero. "Lichero silifuna viza."

M'mawa woyang'anira nyumba, mdala wa ku Dominican Republic, anangoyang'ana valavu ija n'kupukusa mutu. Ananditengera kuchipinda cha pansi kukaona boiler, chithanki chowiritsira madzi. Madzi akawira pa madigiri 100, nthunzi yake imatenga malo oposa a madziwo ka 1,600, ndiye imakwera yokha mpaka kunsanjika yapamwamba popanda pampu. Ikafika mu radiator imasiya kutentha kwake n'kusandukanso madzi, ndipo m'nyumba zakalezi madziwo amatsikira paipi yomweyo. Potseka theka ndinawatchingira njira, nthunzi n'kumawakankha kuwamenyetsa kuchitsulo. Valavuyo amatsegula yonse kapena kutseka yonse. Tsiii ija ndi kabowo kotulutsa mpweya kuti nthunzi ilowe.

Mdala atayamba sanafunenso kusiya. Akuti ku Manhattan nthunzi imagulitsidwa kudzera m'mapaipi a pansi pa msewu kuyambira mu 1882: zipatala zimaphera majeremusi pazipangizo, ochapa masuti amasitira.

"Nanga kutenthaku ndipange nako bwanji, madala?"

Anangotsegula windo, chisanu n'kulowa. Akuti mliri wa chimfine wa 1918 utadutsa, ma radiator ankaika akuluakulu dala kuti anthu azigona mawindo ali pululu.

Tsiku lotsatira ndinawafotokozera azakhali zonsezi, mpaka ka 1,600 kaja. Anamvetsera bwinobwino, kenako anafunsa ngati phokoso lasiya. Ndinati lasiya.

"Ndiye abusa anagwira ntchitotu, anachezera usiku wonse. Utumize ya mbuzi yawo. Amalume ako aang'ono tawaitanira kale kwa amfumu Loweruka."