Galimoto ikakana kulira musathamangire kugula batire

Ndikulemba mtima usanatsike. Galimoto yanga ya Toyota Sienta inakana kulira pa Kamuzu Road ku Salima, ndipo makaniko amene ndinamuitana anangopotokola kiyi kamodzi n'kugamula kuti batire lafa. Mita yoyezera moto wa batire analibe. Batire latsopano litamangidwa, galimoto inangoti "tha!" ngati poyamba paja, iye n'kusintha nyimbo kuti ndi sitata, aimasule apite nayo kugalaja. Tsiku lonse linathera padzuwa la Salima, ndalama zitapita, pomwe vuto linali waya wa ethi, wochokera ku mainasi ya batire, wodyeka ndi dzimbiri pamene wamangidwa ku injini.

Choyamba mverani zomwe galimoto ikunena mukapotokola kiyi. Ikamati "tha-tha-tha-tha" mofulumira, magetsi a padashibodi akuphethira, ndiye kuti moto ukufika wochepa. Ikati "tha!" kamodzi n'kukhala chete, ganizirani sitata kapena mawaya ake aakulu aja. Ikangoti zii, koma hutala ikulira bwino, onani giya. Ya otomatiki siilira ngati giya siili pa P kapena N, ndipo kaswitchi kake kakatopa mumayesa pa N mutaponda buleki.

Musagule batire musanayeze. Batire lodzaza limaonetsa mavoti 12.6 injini itazima. Likatsika kufika pa 12.0 lafooka, koma kufooka si kufa, likhoza kungofuna kutchaja. Wina apotokole kiyi inu mukuyang'ana mita. Ikagwa pansi pa 9.6, batirelo latopadi kapena mulibe moto. Ikangokhala pa 12 osagwedezeka pomwe sitata siikuzungulira, batire lilibe mlandu, moto ukutsakamira panjira.

Panjirapo ndi pamene makaniko uja sanayang'ane n'komwe. Gwedezani mitu ya batire ndi dzanja. Ikatembenuka, mangani ndi sipanala ya 10. Kaufa koyera kapena kobiriwira kamene kamaundana pamitupo kamatsekereza moto, ndipo kamachoka ndi madzi otentha osungunuliramo soda wophikira, kenako kupala ndi sandipepa mpaka pawale. Pomasula yambani ndi ku mainasi, pomanga muthere komweko. Mukatero tsatirani waya wakuda wochokera ku mainasi mpaka pomwe wamangidwa ku bode ndi ku injini. Wanga kunja unkaoneka wabwinobwino, koma titasenda chikopa chake, timawaya ta mkati tinali titabiriwira, tambiri titaduka, totsala tikuyoyoka m'manja. Kuyesa kwake n'kosavuta: tengani waya umodzi wojampira, mbali ina ku mainasi ya batire, ina pachitsulo choyera cha injini, n'kuliza. Ikalira, ndi ethi basi. Mphindi ziwiri zokha, osati kumasula sitata yonse!

Ndaiwala za madzi. Kutentha kwa kunyanja kuno, makamaka Okutobala ndi Novembala, kumaumitsa madzi a m'batire msanga. Ngati lanu ndi la zitsekerero, tsegulani muone ngati timapuleti ta mkati tamira. Onjezerani madzi a batire ogula m'botolo, osati a pamjigo, ndiponso osathiramo asidi wina.

Pojampa, wofiira apite pa pulasi mbali zonse ziwiri, wakuda achoke pa mainasi ya galimoto yothandizayo n'kukagwira chitsulo cha injini yanu. Anyamata akabwera kuti "bwana, tiikankhe", muwathokoze ngati yanu ndi otomatiki, chifukwa siilira ndi kukankha. Kukankha n'kwa ya manyuwo, pa giya yachiwiri.

Nkhani imasintha injini ikamazungulira bwino koma osagwira. Apo batire ndi sitata zisiyeni. Ikani kiyi pa ON, zimitsani wailesi, mutchere khutu kumpando wakumbuyo. Pa galimoto zambiri pampu ya petulo imang'ung'udza masekondi angapo n'kusiya, ngakhale pa zina imayamba pokhapokha injini ikamazungulira. Ikapanda kumveka, tsegulani bokosi la mafiyuzi mu boneti. Pa Toyota funani yolembedwa EFI, ndipo ngati yapsa ikanimo ya nambala yomweyo, osakulunga kawaya. Ngati kagetsi ka kiyi kakuphethirabe padashibodi, galimoto siikuizindikira kiyiyo, yesani ya sipeya. Kumbukiraninso komwe munathira mafuta komaliza. Petulo wa m'zigubu wa m'mbali mwa msewu wa M5 nthawi zina amakhala ndi madzi kapena zinyalala zomwe zimatseka fyuluta. Ya dizilo ikauma thanki imameza mpweya, choncho popani kapampu ka pamwamba pa fyuluta mpaka kalimbe musanayambe kuvutitsa sitata. Ndipo musapotokole kiyi kupitirira masekondi 10 nthawi imodzi, sitata imatentha n'kupsa.

Ndibwerezenso: amene akukuuzani kuti batire lafa atulutse mita muone limodzi. Alibe, itanani wina.

Ikalira musanyamuke msanga. Yezaninso pa batire injini ikuyenda, mita ionetse pakati pa 13.8 ndi 14.4. Ikakhala pa 12, olitaneta siikutchaja kapena lamba wake wakhwefuka, ndipo mukafera panjira musanafike ku Senga Bay. Wina akafuna kuyesa olitaneta pozula mutu wa batire injini ikulira, mukanizeni, chifukwa pa galimoto za masiku ano zimenezo zimatha kuotcha kompyuta.