Mbiri ya moyo wanga, gawo 14: Usiku wa pansi pa South Bridge

Nditatha miyezi itatu mumzinda wa Edinburgh ku Scotland, ndalama ya lendi inandithina. Mnzanga wa kutchalitchi atandiuza kuti anthu ena a wailesi yakanema akufuna wonyamula mawaya ndi maikolofoni usiku, sindinafunse zambiri. Ndinadziwira m'galimoto kuti tikupita kukasaka mizukwa.

Wotsogolera anali mayi wachikulire, wa imvi, wolankhula motsitsa. Ntchito yawo kwa zaka zambiri inali yomweyi: kugona m'nyumba zakale za mafumu, m'ndende zotsekedwa, m'mahotela akale, kujambula chilichonse chimene chingamveke mumdima. Usiku umenewo tinatsikira m'zipinda za pansi pa South Bridge. Mlathowu unatha kumangidwa mu 1788 ndipo uli ndi makhonde 19 okhota ngati uta kunsi kwake, koma loonekera ndi limodzi lokha, la pamwamba pa msewu wa Cowgate. Enawo anatsekedwa ndi nyumba mbali zonse, n'kusanduka zipinda. Poyamba munali osoka nsapato ndi ogulitsa mowa. Madzi atayamba kudontha, amalondawo anathawa, mukulowa amphawi opanda kopita, mabanja athunthu, m'malo opanda zenera ngakhale limodzi.

Fungo la chinyontho lija ndimalimvabe mpaka lero.

Tinazimitsa nyali, kamera yoona mumdima yokha ikugwira ntchito. Amayi aja ananyamula kachipangizo koyezera mphamvu ya magetsi, kamene amati EMF, n'kuyamba kufunsa ngati muli wina. Thupi langa linachita tsembwe. Kwathu ku Ntcheu sulowa pakhomo pa munthu osanena odi, ndipo akufa suwaitana wamba. Agogo ankati ukadutsa pamanda usaloze chala. Ine ndinali nditaimirira pamene ana a anthu anagona ndi njala, n'kumatosa mdima ndi maikolofoni. Chamumtima ndinati, “Odi, eni ake, tabwera ndife alendo.”

Cha m'ma 2 koloko ndinamva kugogoda m'mahedifoni, katatu. Mnyamata wa kamera anasangalala kwambiri. Amayi aja anayatsa tochi, kutsatira khoma pang'onopang'ono mpaka anapeza pamene madzi amadonthera pa chitsulo. Anati chimenecho chisalowe m'pulogalamu. Mnyamatayo anadandaula kuti oonera amafuna zoopsa, koma iwo anakana. Apa ndi pamene ndinayamba kuwalemekeza, chifukwa kunama kukanawapindulira.

Titatuluka kunja kukuyera, anandifunsa chimene ndinanong'ona m'chinenero changa, poti maikolofoni inali itagwira. Ndinawafotokozera za odi. Anakhala chete kanthawi, kenaka anandipempha kuti ndiwaphunzitse katchulidwe kake, ndipo anabwereza kangapo tili chiimire pa Cowgate, basi yoyamba ikudutsa pamwamba pathu.

Sabata yotsatira anandiimbira foni kuti ndikonzeke, tikupita kumanda a Greyfriars.