Lachitatu pa Bird Island

Tanyamuka ku Mahé, chilumba chachikulu cha dziko la Seychelles, m'mawa pa kandege kakang'ono, ndipo patatha mphindi ngati 30 tinali titatera pa Bird Island, kachilumba ka kumpoto kwa Seychelles. Ndi mwezi wa June, mwera ukuwomba monga uwombera kwathu kunyanja nyengo ino, ndipo iyi ndi miyezi yomwe mbalame za sooty tern zimatera kudzaikira mazira. Umayamba kuzimva usanazione. Phokoso lake ngati msika wa Limbe tsiku la Loweruka, kusiyana kwake n'koti lino silitsekera usiku.

Masana ndinakhala m'mphepete mwa bwalo lawo kumpoto kwa chilumba. Mbalame yake ndi yakuda pamsana, yoyera kumimba ndi pamphumi, mchira wamphanda. Chisa palibe. Imangopalasa kadzenje pamchenga kapena paudzu waufupi n'kuikira dzira limodzi lamawangamawanga, ndipo yaikazi ndi yaimuna zimafungatira mosinthana kwa milungu inayi. Inzake ikasendera pafupi kwambiri, ndewu. Maso anga atopa nazo ndewu zimenezi lero.

Chomwe chandikhalira m'mutu ndi ichi: mbalame ya kunyanja koma nthenga zake sizitchinga madzi bwino, moti ikakhalitsa pamadzi imanyowa n'kulephera kuuluka. Ndiye siilowa pansi pa madzi kusaka nsomba, imangotola za pamwamba ili mlengalenga. Imadalira nsomba zikuluzikulu monga tuna, zomwe zikamathamangitsa tinsomba n'kutikankhira pamwamba, iyo imapeza podyera. N'chifukwa chake asodzi amatsata gulu la mbalamezi pofuna tuna. Mwanapiye akakula n'kuchoka pano amatha zaka zingapo ali kunyanja osabwerera kumtunda. Amagona bwanji? Akuuluka.

Bwalo lonseli silinali chonchi kale. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900 anthu ankakumba manyowa a mbalame pano n'kumakagulitsa kunja, kenaka anadzala minda ya kokonati, malo oikira mazira n'kuchepa. Chilumbachi chitagulidwa mu 1967, mwini wake watsopano anagwetsa mitengo kumpotoku, ndipo mbalame zinachuluka kuchoka pa mabanja pafupifupi 18,000 kufika mazana a zikwi. Makoswe nawo anawatheratu m'zaka za m'ma 1990. Ife tinazolowera kumva kuti kuteteza chilengedwe ndi kudzala mitengo, koma mbalame iyi imafuna poyera, ndipo udzu ukatalika amachita kuuchepetsa.

Chakumadzulo, pobwerera kogona, ndinaona mbale wake, white tern, yoyera mbee ndi maso akuluakulu akuda. Iyi ndiye yachita kunyanya: dzira lake imaliika panthambi yopanda kanthu, pakamphako kapena pamphanda basi. Kamwana kamaswa kali ndi zikhadabo zogwirira nthambi. Kholo linabwera litanyamula tinsomba tingapo topingasa pamlomo, osagwetsa ngakhale kamodzi.

Pa chakudya chamadzulo nkhani inali ya mazira. Anthu a ku Seychelles amakonda mazira a sooty tern, ndipo kwa zaka zambiri ankawatola pazilumba monga Desnoeufs, boma likuika nyengo ndi malire. Sindiwadzudzula, ndiwo ndi ndiwo. Koma mbalame yoikira dzira limodzi, yomwe imatenga zaka isanayambe kuswana, kutha kwake sikuoneka msanga: makolo amabwerabe chaka ndi chaka, bwalo limaoneka lodzaza, pamene ana olowa m'malo mwawo akuchepa.