Ulendo wa usiku wokaona Mira, nyenyezi yomwe imapuma

Tinanyamuka dzuwa lisanalowe, kulowera kumalo akutali ndi magetsi a m'tauni, tsiku limene mwezi unali mumdima. Mfundo ya mwezi musaipeputse: ukakhala wathunthu, nyenyezi zing'onozing'ono zimamira m'kuwala kwake ndipo ulendo wonse umapita pachabe. Katundu anali wochepa: magalasi oonera patali a 10x50, tochi yokutidwa ndi pepala lofiira, mapu a thambo, kope, pensulo ndi zovala zamphepo. Titafika tinazimitsa mafoni n'kudikira mphindi 30 kuti maso azolowere mdima. Kungoyang'ana foni kamodzi kokha, kudikirako kumayambiranso.

Chimene tinalondola ndi Mira, nyenyezi yofiira ya m'gulu la Cetus. Agiriki akale ankaona m'gululi chilombo cha m'nyanja chimene Poseidon, mulungu wawo wa nyanja, anatumiza kuti chikadye Andromeda, mayi ake Cassiopeia atadzitama ndi kukongola, mpaka Perseus anachipha. Mira ili pakhosi pa chilombocho, ndipo imaoneka, kuzimirira, n'kudzaonekanso pa masiku pafupifupi 332.

Njira yoipezera ndi iyi. Pafupi ndi Nsangwe pali nyenyezi zoyalana ngati chilembo V, pomwe pali Aldebaran yofiira. Tsatirani kumene nsonga ya V ikuloza, mtunda wa zibakera ziwiri mkono uli wotambasula, mufika pa Menkar, nyenyezi ya m'gulu la Cetus. Kuchoka apo dutsani pa Gamma Ceti ndi Delta Ceti, ndipo patsogolo pake, kopitirira pang'ono zala zitatu, ndi pamene pali Mira. Ambiri amasokera apa chifukwa amayembekezera kuona nyenyezi yowala, pomwe nthawi zambiri malowo amaoneka opanda kanthu. Pa muyezo wa magnitude, womwe nambala ikamakula kuwala kumachepa, Mira imafika pa 3 kapena 4 ikawala kwambiri, n'kutsika mpaka cha pa 9. Diso lokha limalekezera cha pa 6.

Usikuwo inali ngati khala lamoto lomwe latsala pang'ono kuzima, yowala pang'ono kuposa Delta Ceti ya 4.1 koma yosafika pa Gamma Ceti ya 3.5. Kuyeza kwake ndi komweko: kuiyerekeza ndi nyenyezi ziwiri zosasintha, ina yoiposa ina yoichepera, n'kulemba nambala, tsiku ndi nthawi. Musaipenyetsetse. Nyenyezi yofiira mukaiyang'ana nthawi yaitali imaoneka ngati ikuwonjezera kuwala, choncho iponyereni diso mwachangu n'kuchotsa. Mame nawo amavutitsa. Akagwa pamagalasi nyenyezi zonse zimachita chimbuuzi, ndiye muziwavundikira pamene simukuwagwiritsa ntchito.

Chimene chimatigwira mtima kwambiri n'chakuti kuzimiriraku si kuphimbidwa ndi nyenyezi ina. Mira ndi nyenyezi yokalamba, yotupa kuposa dzuwa maulendo oposa 300 m'mimba mwake, ndipo imafufuma n'kunyala ngati chifuwa cha munthu wogona. Ikafufuma kunja kwake kumazizira, mumpweya wake mumapangika mpweya wina wotchedwa titanium oxide, womwe umameza kuwala kumene maso athu amaona. Kukwera kwa kuwala kwake kumatenga masiku pafupifupi 100, kutsika kumatenga kuwirikiza kawiri. Kuwala kumene tinaonako kunanyamuka zaka pafupifupi 300 zapitazo.

Katswiri wa zakuthambo David Fabricius anaiona Mira mu Ogasiti 1596, naiyesa nyenyezi yatsopano yongobwera kamodzi, koma anadzaionanso mu 1609. Johannes Holwarda anazindikira mu 1638 kuti imabwerera pa miyezi pafupifupi 11, ndipo Johannes Hevelius anaitcha Mira mu 1662, kutanthauza yodabwitsa. Kwa anthu a ku Ulaya amene anaphunzitsidwa maganizo a Aristotle, wanzeru wa ku Girisi wakale, akuti thambo silisintha, imeneyi inali nkhani yaikulu. Mu 2007 makina oonera zakuthambo a GALEX, omwe ankazungulira dziko m'mlengalenga, anaonetsanso kuti ikukoka mchira wa mpweya wautali kwambiri moti kuwala kungatenge zaka 13 kuti kuudutse.

Musananyamuke fufuzani tsiku limene idzawale kwambiri. Bungwe la oona nyenyezi zosinthasintha kuwala la AAVSO, lomwe linayamba mu 1911, limasunga ndi kufalitsa zoyeza za anthu wamba. Poti masiku 332 amaperewera mwezi wathunthu kuti akwane chaka, nthawi yowalayo imafulumira ndi mwezi umodzi chaka chilichonse, ndipo zaka zina imagwera pakati pa Epulo ndi Juni, pamene Cetus ili pafupi ndi dzuwa. Madzulo abwino ndi a Okutobala mpaka Januwale, ndipo usiku umodzi sukwanira: bwererani sabata iliyonse ndi kope lomwelo.